Funsani Tikuyankheni: Ntchito ya pulodyusa wa mapulogalamu ozukuta zochitika pa kanema

Mwezi uno makalata ambiri amene afika pa tsamba lino akufunsa za ntchito imodzi, ya munthu amene amakonza mapulogalamu a pa wailesi yakanema ofukula ndi kuzukuta nkhani zikuluzikulu zimene zikuchitika m'dziko. Anzake a pa ntchito amamutcha pulodyusa. Tasankhapo makalata angapo, ndipo ena tawafupikitsa kuti malo atikwanire.

FUNSO: Akonzi, ine ndine mtsikana amene ndikumaliza sukulu ya sekondale chaka chino. Ndimakonda kuonera mapulogalamu amene akuluakulu amapanikizidwa ndi mafunso, ndipo pulogalamu ikamatha ndimaona dzina la pulodyusa likudutsa. Kodi munthu ameneyu amachita chiyani, popeza wofunsa mafunso ndi mtolankhani amene timamuona uja?

YANKHO: Mwachita bwino kuwerenga mayina odutsa kumapetowo, chifukwa ambiri a ife nthawi imeneyo timakhala titadzuka kale pampando. Tiyambe ndi kusiyanitsa mitundu iwiri ya mapulogalamu. Nkhani za tsiku ndi tsiku zimakuuzani kuti mlatho wakokoloka, ndipo zimatero m'mphindi ziwiri zokha. Pulogalamu yozukuta zochitika imatenga theka la ola kapena ola lathunthu kufunsa kuti mlathowo anaumanga ndani, ndalama zake zinayenda motani, anasaina ndani kuti ndi wolimba, komanso ngati panali wina amene anachenjeza koma osamvedwa. Mtolankhani amene mumamuona ndiye nkhope ndi mawu a pulogalamuyo, koma amene amasenza ntchito yonse, kuyambira tsiku limene ganizo labadwa kufikira usiku umene pulogalamu yaulutsidwa, ndi pulodyusa.

Iye ndi amene amakagogoda kwa mkonzi wamkulu kukapempha chilolezo ndi ndalama zogwirira nkhaniyo, ndipo amayenera kufotokoza umboni umene ali nawo kale, umene akuyembekezera kupeza, ndi nthawi imene ntchitoyo itenge. Akaloledwa amagawa ntchito. Wofufuza amapita kukasaka zikalata ndi anthu odziwa nkhaniyo, wojambula ndi wotenga mawu amauzidwa kumene apite, ndipo mtolankhani amakhala naye pansi kukonza mafunso. Kawirikawiri pulodyusa ndi amenenso amayamba kukumana ndi munthu wamantha amene wasunga chinsinsi, popanda kamera, kangapo konse, mpaka munthuyo atakhutira kuti sadzamugwiritsa fuwa lamoto. Tsiku lojambula amaima kuseri kwa kamera akumvetsera ndi kulemba, ndipo wofunsidwa akazemba funso, iye ndi amene amanong'oneza mtolankhani kuti alibwereze.

Kuti muidziwe bwino ntchitoyi, lowani m'chipinda chodulira ndi kulumikiza zithunzi. Ndi kachipinda kamdima, kopanda phokoso, ndipo muli anthu awiri. Edita wakhala pa kompyuta, pulodyusa wakhala pambali pake ndi mulu wa mapepala amene alembapo mawu onse amene ofunsidwa anayankhula, chiganizo chilichonse chili ndi nambala yosonyeza mphindi imene chinayankhulidwa. Zojambula za maola ambirimbiri ziyenera kufupikitsidwa mpaka zikwane theka la ola. Tiyerekeze kuti mkulu wina anayankha kuti ndalama zinasowadi, koma zinapezeka patatha sabata imodzi. Mukadula mawu ake atangonena kuti zinasowadi, pulogalamu ikoma, owonera akwiya, ndipo mwanama ngakhale kuti mawu onse amene amveka ndi akeake. Owonera alibe njira yodziwira chimene chatayidwa. Amene amadziwa ndi anthu awiri a m'kachipindamo, ndipo mwa awiriwo woyankha mlandu ndi pulodyusa.

N'chifukwa chake mbiri ya mapulogalamu otere ndi mbiri ya anthu amene nkhope zawo sizidziwika kwenikweni. Pulogalamu ya 60 Minutes ya ku America, imene inayamba mu 1968, inayambitsidwa ndi pulodyusa Don Hewitt, ndipo anaitsogolera kufikira mu 2004. Pa 9 Malichi 1954, pamene mtolankhani Edward R. Murrow anaonekera pa kanema ya CBS ya ku America kudzudzula phungu Joseph McCarthy, amene ankanamizira anthu ambiri kuti ndi achikomyunizimu, kuseri kwake kunali pulodyusa Fred Friendly. Chida chawo chachikulu chinali zithunzi za McCarthy mwini wake akuyankhula, zimene gulu lawo linasonkhanitsa ndi kuziika mwadongosolo kuti owonera adziweruzire okha, ndipo mwezi wotsatira anamupatsa mpata woyankha pa pulogalamu yomweyo.

Ulemu umapita kwa oonekera, koma zinthu zikalakwika moto umayambira kwa pulodyusa. Mary Mapes wa CBS anali pulodyusa wa nkhani imene mu Epulo 2004 inaonetsa dziko zithunzi za nkhanza za ku ndende ya Abu Ghraib ku Iraq. Mu Seputembala chaka chomwecho anakonza nkhani ina yokhudza nthawi imene George W. Bush, amene chaka chimenecho anali pulezidenti wa America, anali m'gulu la asilikali, ndipo nkhaniyo inatsamira pa zikalata zimene sizinatsimikizidwe mokwanira kuti n'zenizeni. Pofika Januwale 2005 anali atachotsedwa ntchito. Ngati mukuifuna ntchitoyi, dzifunseni ngati mungathe kuuza anzanu onse, tsiku loulutsa litayandikira, kuti umboni sunakwane ndipo pulogalamu idikire.

FUNSO: Ndakhala ndikulemba nkhani m'nyuzipepala kwa zaka zingapo, ndipo ndikufuna kusamukira ku kanema ngati pulodyusa. Kodi ndibwerere ku sukulu kukatenga digiri ya utolankhani? Nanga munthu amayambira pati?

YANKHO: Bambo, zimene mwaphunzira kunyuzipepala ndi chuma chimene achinyamata ambiri ofika ku kanema alibe, chifukwa mukudziwa kale kusaka munthu woti akuuzeni zoona, kutsimikiza nkhani kwa anthu oposa mmodzi, ndi kupereka ntchito pa nthawi yake. Digiri ya utolankhani imathandiza potsegula chitseko choyamba, ndipo pali mabwana amene saitana munthu amene alibe, koma si njira yokhayo. Mapulodyusa ambiri aluso anaphunzira malamulo, zachuma, mbiri yakale kapena sayansi, ndipo maphunzirowo ndi amene amawathandiza kuona chinyengo m'lipoti la ndalama limene ena angoliwerenga n'kulitaya. Kwa inu amene muli kale m'ntchito, maphunziro afupiafupi a kajambulidwe, kadulidwe ka zithunzi ndi malamulo okhudza kuipitsa mbiri ya munthu angakupindulitseni kuposa kubwerera m'kalasi kwa zaka zinayi.

Makwerero ake ndi ofanana m'mawailesi ambiri. Munthu amayamba ngati wofufuza, kenako amakhala wothandizira pulodyusa, kumene amapatsidwa tizigawo tating'ono kuti ajambulitse yekha. Akaonetsa kuti ndi wodalirika amapatsidwa pulogalamu yathunthu, ndipo patapita zaka amatha kuyang'anira mapulodyusa anzake kapena kukhala mkonzi wa pulogalamu yonse. Musadabwe mukauzidwa kuti muyambire pansi ngakhale dzina lanu limadziwika kale m'nyuzipepala.

Chimene chidzakuvuteni kwambiri ndi kuphunzira kuganiza ndi maso. M'nyuzipepala mukhoza kulemba ndime zitatu zofotokoza mmene ndalama zinachokera ku akaunti ina kupita ku ina, owerenga n'kumvetsa. Pa kanema muyenera kudziwa kuti owonera azidzaona chiyani pamene mawuwo akunenedwa, ndipo munthu amene anakuuzani zonse pa foni akhoza kuuma pakamwa kamera ikangoyatsidwa. Mudzaphunziranso kusafotokoza chimene chithunzi chikuonetsa kale, komanso kulola mayi amene akulira kuti akhale chete kwa kanthawi osamuthira mawu pamwamba. Masiku ano mabwana ambiri amafunanso pulodyusa wodziwa kugwira kamera yekha, choncho yambani lero kujambula nkhani zazifupi, ngakhale ndi foni, kuti mudzakhale ndi chooneka pokapempha ntchito.

Musanyoze udindo wa wofufuza. Mu 1975 amuna asanu ndi mmodzi anapatsidwa chilango chokhala m'ndende moyo wawo wonse pa mlandu wa mabomba amene anapha anthu 21 mumzinda wa Birmingham ku England mu 1974. Mu 1985 pulogalamu ya ku Britain ya World in Action, mothandizidwa ndi kafukufuku wa mtolankhani Chris Mullin, inapempha akatswiri a sayansi kuti ayesenso njira imene inagwiritsidwa ntchito posonyeza kuti ena mwa amunawo anagwira zophulitsira. Zinapezeka kuti munthu amene wangogwira makadi amasewera akhozanso kuoneka ngati wagwira zophulitsira, ndipo ena mwa amunawo anali atasewera makadi m'sitima usiku umene anagwidwa. Ngakhale zinali choncho, iwo anatulutsidwa m'ndende mu 1991, patapita zaka zina zisanu ndi chimodzi, gulu la pulogalamuyo likubwererabe ku nkhani yomweyo. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo amene amafuna kuona zipatso za ntchito yake sabata yomweyo amatopa msanga pa ntchito imeneyi.

FUNSO: Ine ndine mphunzitsi wopuma pa ntchito, ndipo chimandivuta ndi ichi. Atolankhani amadzudzula anthu achinyengo, koma iwonso amalowa m'maofesi ndi kamera yobisika, atanama dzina ndi ntchito yawo. Kodi chimenechi si chinyengo chomwecho?

YANKHO: Aphunzitsi, funso lanu ndi lolemera, ndipo mapulodyusa oona mtima amalimbana nalo nthawi zonse. Kujambula munthu mobisa ndi kumunamiza ndithu, ndipo sitiyenera kukupatsa dzina lina lokoma. N'chifukwa chake mawailesi olemekezeka amaika malamulo okhwima. Payenera kukhala kale umboni woti cholakwa chikuchitika, cholakwacho chikhale chachikulu ndi chokhudza anthu ambiri, ndipo pasakhale njira ina yooneka yopezera umboniwo. Pulodyusa amalemba zonsezi, mkonzi wamkulu ndi maloya amavomereza, kenako kamera imalowa. Kutumiza munthu ndi kamera yobisika kuti akangoona ngati angapeze kanthu n'kosaloledwa, ndipo pulodyusa wochita zimenezo ayenera kudzudzulidwa.

Chitsanzo chimene chimandikhutiritsa ndi cha pulogalamu ya Panorama ya BBC, imene yakhala ikuulutsidwa kuyambira mu 1953. Mu Meyi 2011 inaonetsa zimene zinkachitika pa chipatala cha Winterbourne View, pafupi ndi mzinda wa Bristol, kumene kunkasungidwa anthu akuluakulu amene ali ndi vuto la kuphunzira ndi kudzisamalira okha. Namwino wina anali atadandaula kale kwa oyang'anira chipatalacho komanso ku bungwe loyendera zipatala, koma sanamvedwe. Mtolankhani analembedwa ntchito ngati wosamalira odwala, ndipo kwa masabata asanu anajambula odwala akumenyedwa, kupanikizidwa pansi ndi kuthiridwa madzi ozizira. Chipatalacho chinatsekedwa, antchito 11 anavomera milandu, ndipo asanu ndi mmodzi mwa iwo anapita kundende. Odwala aja sakanatha kudzinenera okha, ndipo njira zowongoka zinali zitayesedwa n'kulephera. Komabe ngakhale pamenepo pali funso lopweteka limene pulodyusa amayenera kuliyankha usiku uliwonse akamaonera zojambula za tsikulo: kodi tipitirize kuti umboni ukwane, kapena tiitane apolisi lero chifukwa munthu akuvulazidwa?

Pulogalamu yomweyo ili ndi chitsanzo cha bodza losakhululukidwa. Mu Novembala 1995 mtolankhani Martin Bashir anacheza ndi Diana, amene panthawiyo anali mkazi wa Charles wa ku banja lachifumu la Britain, ndipo anthu pafupifupi 23 miliyoni anaonera ku Britain. Mu 2021 kafukufuku wa Lord Dyson anapeza kuti Bashir anapangitsa zikalata zabodza za ku banki n'kuzionetsa mchimwene wake wa Diana kuti amukhulupirire, komanso kuti BBC sinafufuze bwino nkhaniyo itamveka koyamba. Apa panalibe wozunzidwa woti apulumutsidwe. Bodza linagwiritsidwa ntchito kuti apeze macheza amene mawailesi ena ankawafunanso.

Chinanso chimene owonera sachiona ndi kalata imene pulodyusa amalembera munthu aliyense amene pulogalamu ikumuneneza. M'kalatamo amandandalika zonenezazo chimodzichimodzi, momveka bwino, ndipo amapereka masiku okwanira kuti munthuyo ayankhe pulogalamu isanaulutsidwe. Nthawi zina yankho limabwera ndi umboni wosonyeza kuti mtolankhani ndiye analakwitsa, ndipo gawo lonse limachotsedwa. Pulodyusa amene amaopa kulemba kalata imeneyi amakhala akukayikira nkhani yake yomwe.

FUNSO: Mwana wanga wamkazi wapeza ntchito ya wofufuza pa pulogalamu yofukula za katangale. Ine monga mayi wake tulo sindikupeza. Kodi ntchitoyi si yoika moyo pachiswe, ndipo kodi munthu angadalire malipiro ake?

YANKHO: Mayi, sindikubisirani, zoopsa zilipo. Mu Januwale 2019 Ahmed Hussein-Suale, amene ankagwira ntchito m'gulu la mtolankhani wofukula nkhani Anas Aremeyaw Anas ndipo anathandiza kufukula ziphuphu za m'masewera a mpira ku Ghana, anawomberedwa n'kufa mumzinda wa Accra, patapita miyezi chithunzi chake chitaonetsedwa poyera pa kanema. Iye anali munthu wa kuseri, monga mmene mwana wanu alili. Komabe zimene ambiri a m'ntchitoyi amakumana nazo ndi kuopsezedwa pa foni, kutukwanidwa pa masamba a mchezo, makamaka akakhala amayi, makalata a maloya, ndi kutopa kwa mumtima kumene kumadza munthu akaonera zithunzi zankhanza kwa nthawi yaitali.

Chimene mungachite ndi kumulimbikitsa kuti afunse mabwana ake mafunso asanapite kulikonse koopsa. Kodi zoopsa za ulendowo zaunikidwa n'kulembedwa? Ndani akudziwa kumene ali ndi nthawi imene ayenera kuimba foni? Akamangidwa kapena kusumiridwa, loya amulipira ndani? Pulodyusa wabwino amakhala ndi mayankho asanafunsidwe, chifukwa chitetezo cha gulu lonse ndi cha anthu amene apereka umboni chili m'manja mwake. Mabungwe monga Committee to Protect Journalists amafalitsanso malangizo a chitetezo amene mwana wanu angawerenge pa intaneti.

Kunena za malipiro, poyambira amakhala ochepa poyerekeza ndi kutalika kwa maola, ndipo ambiri amalembedwa pa kontirakiti ya pulogalamu imodzi, ikatha n'kuyambanso kusaka ina. Aphunzire kusunga pamene ntchito ilipo.

FUNSO: Nanga pulodyusa amatani ngati nkhani yakwana, umboni ulipo, koma eni wailesi akukana kuiulutsa chifukwa ikukhudza boma kapena kampani imene imawapatsa ndalama zotsatsa malonda?

YANKHO: Zimenezi zimachitika ngakhale m'mawailesi olemera. Mu 1995 pulodyusa Lowell Bergman wa 60 Minutes anakopa Jeffrey Wigand, amene anali mkulu wa kafukufuku pa kampani ya fodya ya Brown & Williamson, kuti aulule zimene kampaniyo inkadziwa zokhudza kuopsa kwa fodya. Maloya a CBS anaopa mlandu waukulu chifukwa Wigand anali atasaina pangano losunga chinsinsi, ndipo macheza ake sanaulutsidwe. Bergman anakana kugonja, ndipo nkhaniyo itatuluka m'nyuzipepala ya Wall Street Journal, CBS inaulutsa machezawo mu Febuluwale 1996.

Malangizo anga ndi akuti pulodyusa ayambe wamvetsera, chifukwa si kukana kulikonse kumene kumachokera m'mantha, ndipo nthawi zina loya waona dzenje limene iye sanalione. Apemphe kuti chifukwa chokanira chinenedwe momveka, makamaka molemba. Ngati vuto ndi umboni, abwerere akauwonjezere. Ngati umboni palibe amene akuutsutsa koma pulogalamu ikuzengerezedwabe, apa ndi pamene ayenera kukumbukira munthu uja amene anaika ntchito yake kapena moyo wake pachiswe chifukwa chomukhulupirira. Amuuze zoona za mmene zinthu zilili, asamusiye akudikira pulogalamu imene sidzabwera, ndipo dzina lake alisunge monga anamulonjezera, ngakhale iye mwini atasankha kusiya ntchito.

FUNSO: Masiku ano aliyense ali ndi foni ya kamera, ndipo chinthu chikachitika timachionera pa WhatsApp kapena Facebook wailesi isanachimve. Kodi ntchito ya pulodyusa si yakutha?

YANKHO: Chimene chikuchepa ndi chiwerengero cha anthu okhala pansi pa ola loikika kudikira pulogalamu, ndipo n'zoona kuti mawailesi ambiri adula ndalama za mapulogalamu ofukula chifukwa ndi okwera mtengo. Mapulodyusa tsopano amakonza nkhani imodzi kuti ikwane pa kanema, pa YouTube ndi m'tizidutswa ta pa foni. Koma kuchuluka kwa zithunzi kwachulukitsanso zabodza, zakale zonenedwa kuti n'zatsopano, ndi zochitika m'dziko lina zonamiziridwa kwina.

Mu Julayi 2018 pa intaneti panafala kanema woonetsa asilikali akupha amayi awiri ndi ana awiri. Anthu ankatsutsana za dziko limene zinachitikira, ndipo boma la Cameroon poyamba linati kanemayo ndi wabodza. Gulu la BBC Africa Eye, pamodzi ndi ofufuza ena a pa intaneti, linatenga kaonekedwe ka phiri limene likuoneka kumbuyo m'kanemamo n'kukayerekeza ndi zithunzi za setilaiti mpaka linapeza malowo, pafupi ndi Zelevet kumpoto kwa Cameroon. Linayeza mithunzi ya asilikaliwo ndi kuona nyumba zimene zinali zitamangidwa kale, n'kupeza kuti zinachitika pakati pa Malichi ndi Epulo 2015. Linaunikanso mfuti ndi yunifolomu zawo. Mu Seputembala 2020 khoti la asilikali linalamula kuti asilikali anayi akakhale m'ndende zaka khumi aliyense. Anthu miyandamiyanda anali ataonera kale kanemayo pa mafoni awo, koma panafunika anthu ochepa okhala pansi kwa masabata kuti atsimikize malo, nthawi ndi ochita chiwembucho.

Luso limeneli mukhoza kuyamba kuliphunzira popanda kulembedwa ntchito. Tengani kanema mmodzi amene wakufikani sabata ino, ndipo musanamutumize kwa wina aliyense, fufuzani amene anayamba kumuika pa intaneti, werengani zikwangwani ndi manambala a galimoto zimene zikuoneka, mvetserani chiyankhulo cha anthu ake, kenako lembani pa pepala zimene mwatsimikiza ndi zimene mukungoganizira, chilichonse mbali yake.